Mwana akufuna kudzapanga zombo zopita ku Jupiter: asankhe maphunziro ati?

Mayi wina wa ku Lizulu wafunsa kuti: "Mtsikana wanga ali Fomu 2, akuti adzapanga makina opita ku Jupiter ndi Saturn. Ndimulimbikitse kapena akungolota?"

Mulimbikitseni, mayi, koma adziwiretu kuti m'zombozi simukwera munthu. Ntchito yake ndi ya magetsi, wailesi ndi mapulogalamu a kompyuta. Mwachitsanzo, chombo cha Voyager 1, chomwe chinanyamuka mu 1977, chinayamba kutumiza zosamveka mu Novembala 2023 chifukwa kachipangizo kamodzi kosunga malangizo a kompyuta yake kanafa. Kumeneko sungapiteko ndi sipanala. Akatswiri anadula malangizowo m'tizigawo n'kutisamutsira m'malo ena a kompyuta yomweyo, ali pansi pano. Uthenga unkatenga maola 22 ndi theka kuti ukafike, yankho maola enanso 22 ndi theka. Mu Epulo 2024 chombocho chinayambanso kumveka.

Magetsi nawo ndi mutu waukulu. Ku Jupiter kuwala kwa dzuwa n'kochepa pafupifupi ka 25 poyerekeza ndi kuno, n'chifukwa chake chombo cha Juno, chomwe chinafikako mu 2016, chili ndi mapiko atatu a sola, lililonse pafupifupi mamita 9. Voyager imadalira kutentha kwa plutonium-238, chitsulo cha nyukiliya, ndipo mphamvu yake imatsika ndi mawati 4 pachaka, choncho amazimitsa zida zake chimodzichimodzi.

Mtsikanayu akamalowa Fomu 3 asasiye Physics ndi Chemistry, ndipo Masamu awagwiritsitse. Ngati pasukulupo pali Additional Mathematics kapena Computer Studies, atenge. Chingerezi asachipeputse: ana ambiri okhoza sayansi amagwera pomwepa, chifukwa yunivesite za boma zimafuna makirediti 6 a MSCE, limodzi likhale la Chingerezi. Pofunsira malo kudzera ku NCHE, bungwe loona za maphunziro apamwamba, ayang'ane uinjiniya wa zamagetsi ndi matelefoni ku MUBAS, kapena Physics ku UNIMA ku Zomba. Za mlengalenga zenizeni adzaziphunzira pa digiri yachiwiri, kawirikawiri kunja. Bungwe la za mlengalenga la ku America, NASA, kawirikawiri limalemba nzika za America zokha, ndiye maso akhale ku South Africa, komwe bungwe lawo la za mlengalenga, SANSA, limalondola masetilaiti ku Hartebeesthoek. Zikapanda kutheka, digiri yomweyo imagwira ntchito kumakampani a foni ndi magetsi.

Pakadali pano mugulireni kamita koyezera magetsi, mumupatse wailesi yakufa, afufuze chomwe chinapsa.