Kodi Linda Lovelace anali ndani?

Funso: Akonzi, ndinamva za mayi wina wa ku America amene anatchuka m'mafilimu olaula koma kenako n'kuyamba kudzudzula mafilimu omwewo. Kodi anali ndani, ndipo chinawatembenuza mtima n'chiyani?

Yankho: Amene mukunenawo ndi a Linda Boreman, omwe dziko linawadziwa ndi dzina lakuti Linda Lovelace. Anabadwira ku New York m'chaka cha 1949, ndipo anatchuka mu 1972 chifukwa cha filimu ya Deep Throat, imene inabweretsera eni ake ndalama zankhaninkhani pamene iwo analipidwa madola 1,250 okha, omwenso anati mwamuna wawo, Chuck Traynor, ndiye anatenga.

Mu 1980 anatulutsa buku lotchedwa Ordeal, momwe anafotokoza kuti Traynor ankawamenya ndi kuwaopseza ndi mfuti kuti achite zimene anthu ankaonerazo. Ena amene ankagwira nawo ntchito anatsutsa zoti anakakamizidwa, komabe kwa ife n'zovuta kupeputsa mawu a munthu amene anabwereza nkhani imodzimodziyo kwa zaka zambiri, mpaka kukaperekera umboni pamaso pa komiti ya Meese, imene boma la America linakhazikitsa kuti ifufuze nkhani ya zolaula, mu 1986. Pa nthawiyo n'kuti akugwirizana ndi omenyera ufulu wa amayi monga Andrea Dworkin ndi Gloria Steinem.

Anakwatiwanso ndi Larry Marchiano n'kubereka ana awiri. Anamwalira ku Denver mu 2002 atavulala pa ngozi ya galimoto, ali ndi zaka 53.