Kodi Maggie Beare ankaiwaladi, kapena linali luso?

Mayi wina amene amagwira ntchito yosamalira okalamba ku Perth, ku Australia, wandilembera imelo. Akuti agogo amene amawasamalira amakonda kuonera sewero lakale la pakanema la Mother and Son, ndipo iyenso walizolowera. Funso lake ndi ili: kodi mayi amene ankasewera ngati Maggie Beare, mayi wokalamba woiwalaiwala wa m'seweromo, anali ndi matenda oiwala, ndipo anachokera kuti?

Achemwali, linali luso lokhalokha. Dzina lawo linali Ruth Cracknell, ndipo mutu wawo unkayenda bwino kwambiri. Anabadwira ku Maitland, m'chigawo cha New South Wales, pa 6 July 1925. Pamene seweroli linkayamba pa ABC, kanema wa dziko la Australia, mu 1984, iwo anali ndi zaka 58, atagwira kale ntchito ya zisudzo pafupifupi zaka 40.

Zaka 40 zimenezo ndi zimene mukuziona pankhope ya Maggie. Mayi Cracknell anayambira m'masewero a pawailesi m'zaka za m'ma 1940, kumene munthu alibe chomuthandiza koma mawu ake okha. Anasewera ku Independent Theatre mumzinda wa Sydney, kenako anapita ku London kukagwira ntchito ndi BBC. Atabwerera kwawo analowa m'masewero oseketsa a ku Phillip Street Theatre. Kumeneko, ndikukhulupirira, ndi kumene anaphunzira kudikira. Mukaonerenso, muone mmene amakhalira chete kamphindi asanayankhe Arthur, mwana wawo wa m'seweromo, amene ankaseweredwa ndi Garry McDonald. Simungadziwe ngati Maggie waiwaladi kapena akumutchera mwanayo msampha kuti asachoke pakhomo.

Ine chimene chimandikhudza ndi chakuti sanam'sandutse Maggie choseweretsa. Kuseka munthu wokalamba amene mutu wayamba kusokonezeka n'kosavuta, ndipo n'kochititsa manyazi. Koma mlembi Geoffrey Atherden ndi mayi Cracknell anam'siyira Maggie nzeru zake, liuma lake, ndi mantha ake otsala yekha. Maggie amakondera poyera mwana wake wina, Robert, dokotala wa mano amene amangobwera n'kuchoka, pamene Arthur wosenza katundu yense samuyamikira. Amene anadwazikapo kholo akudziwa ululu umenewu. Inuyo mumauona tsiku ndi tsiku kuntchito kwanu.

Seweroli linatha mu 1994 litafika zigawo 42. Pa nthawi yonseyi mayi Cracknell siteji sanaisiye. Kuyambira 1988 anasewera ngati Lady Bracknell m'sewero la pasiteji la The Importance of Being Earnest, limodzi ndi katswiri wa zisudzo Geoffrey Rush, ndipo anthu ankadzaza m'maholo.

Chakumapeto anakumana ndi chisoni chachikulu. Mu 1998 ali paulendo ku Venice, amuna awo a Eric Phillips, amene anakwatirana nawo mu 1957, anadwala sitiroko. Anawabweretsa ku Sydney pandege, ndipo anamwalira pasanapite nthawi. Mayi Cracknell analemba za masiku amenewo m'buku lotchedwa Journey from Venice.

Mu 2001 anakhala mzimayi woyamba kulandira ulemu wa Logie Hall of Fame, ulemu waukulu wa pakanema ku Australia. Anatisiya pa 13 May 2002 ku Sydney, ali ndi zaka 76.

Agogo anuwo mukawafunse ngati anawaonerako pasiteji. Msinkhu wawo ukulola, ndipo ndingakonde kumva zimene angakumbukire.