Kodi amene anasintha Wisconsin ndi La Follette yekha?

Mphunzitsi wina wa mbiri yakale pa sukulu ya sekondale wanditumizira imelo yokhala ndi funso limene ndaona kuti ndi bwino ndiliyankhe poyera. Akuti anawerenga penapake kuti malamulo angapo oteteza anthu apantchito ku America sanayambire ku Washington kapena ku New York, koma ku Wisconsin, chigawo cha alimi a ng'ombe zamkaka chimene chili m'mbali mwa nyanja ya Michigan, ndipo akufuna kudziwa ngati zimenezi n'zoona, komanso ngati zonsezo zinachitika chifukwa cha munthu mmodzi wotchedwa La Follette monga mmene nkhaniyo imakambidwira kawirikawiri.

Aphunzitsi, mbali yoyamba ya funso lanu ndi yosavuta, pakuti n'zoona ndithu. Mbali yachiwiriyo ndi imene ikufuna kuti tiikhalire pansi. Poyamba tikumbukire kuti chigawo cha ku America chimakhala ndi bwanamkubwa wosankhidwa ndi anthu, nyumba ya malamulo ndi makhothi akeake, kotero chimatha kuyamba chokha kuyesa lamulo latsopano popanda kudikira boma lalikulu.

Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800, chipani cha Republican ndicho chinkalamula ku Wisconsin pafupifupi nthawi zonse, ndipo chipanicho chinali m'manja mwa eni makampani a njanji ndi a matabwa. Aphungu ankapatsidwa matikiti oyendera ulere pa sitima, makampani a njanji ankalipira msonkho motengera ndalama zimene iwo eni anena kuti apeza, ndipo woimira chipani pa chisankho ankasankhidwa pa msonkhano wa nthumwi zimene akuluakulu anali atazikonzeratu. Robert La Follette, loya wobadwa mu 1855 yemwe anakhalapo phungu ku Washington kuyambira 1885 mpaka 1891, anakulira m'chipani chomwecho ndipo poyamba sankavuta. Iye mwini ankati zinthu zinatembenuka mu 1891 pa hotela ya Plankinton ku Milwaukee, pamene Philetus Sawyer, seneta wolemera ndi malonda a matabwa, anamutulutsira ndalama kuti akanyengerere woweruza wina, amene anali mlamu wake wa La Follette, pa mlandu wa asungichuma akale a boma amene ankadya chiwongoladzanja cha ndalama za anthu. Sawyer anakanitsitsa, nati ndalamazo zinali malipiro a uloya chabe, ndipo mmene anali awiriwiri m'chipindamo, ife tingonena kuti chiyambire tsiku limenelo anthu awiriwa sanamwerenso madzi.

La Follette anayesa kawiri, mu 1896 ndi mu 1898, kuti chipani chimuimike pa mpando wa bwanamkubwa, ndipo kawiri konse anagwa pa msonkhano wa nthumwi. Atapambana mu 1900, n'zosadabwitsa kuti chinthu choyamba chimene anachifuna chinali kulanda mphamvu ya msonkhano umenewo n'kuipereka kwa ovota. Lamulo la zisankho zachipulula linadutsa mu 1903 ndipo anthu analivomereza pa riferendamu mu 1904. Kusiyana kwake ndi zachipulula zathu zino, zimene chipani chimayendetsa chokha ndipo nthawi zambiri zimathera m'madandaulo, n'kwakuti kumeneko boma ndilo limayendetsa, ndi voti yachinsinsi, pa tsiku loikika ndi lamulo.

Kachitidwe kake ka kampeni n'koyenera kukaona pafupi. Ankafika pa chionetsero cha zaulimi, n'kuimirira pamaso pa alimi kwa maola angapo, ndipo m'malo mowasangalatsa ndi nthabwala ankawawerengera mitengo imene njanji inkawalipiritsa potumiza zokolola, n'kuiyerekeza ndi ya m'zigawo zoyandikana nazo. Kenaka ankatulutsa kaundula wa nyumba ya malamulo n'kuyamba kutchula mayina, kuti phungu wanu uje anavota motere pa bilu ya msonkho wa njanji, uje anavota motere. Phungu amene anazolowera kulankhula zokoma kumudzi n'kukavota zina ku Madison, likulu la chigawochi, anasowa pobisala. Ndi njira imeneyi anapeza aphungu okwanira, ndipo pofika 1905 njanji zinali zikulipira msonkho molingana ndi mtengo wa katundu wawo, panali bungwe la boma loyang'anira mitengo yawo, ndipo ntchito za m'boma zinayamba kulowedwa polemba mayeso osati podziwana ndi bwana wa chipani.

Komatu apa ndi pamene nkhani ya munthu mmodzi imayamba kutsimphina. La Follette anachoka ku Madison kumayambiriro kwa 1906 kukakhala seneta, pamene malamulo amene inu mukuwafunsa, oteteza apantchito, anadza mu 1911 bwanamkubwa ali Francis McGovern. M'chaka chimodzi chimenecho nyumba ya malamulo inavomereza msonkho wodulidwa pa ndalama zimene munthu wapeza, woyamba kuyenda bwino m'chigawo chilichonse cha America, inachepetsa maola ogwira ntchito a amayi, inakhwimitsa malamulo okhudza kulemba ana ntchito, inakhazikitsa masukulu a ntchito zamanja, ndiponso inakhazikitsa chipukutamisozi cha ovulala pantchito. Kuti muone kukula kwa chomalizachi, ganizirani munthu amene makina ochekera matabwa amudula dzanja lamuloli lisanabwere. Ankayenera kukasuma yekha, ndipo bwana ankapulumuka pongoonetsa kuti wolakwa anali wantchito mnzake, kapena kuti wovulalayo anasasamala pang'ono, kapena kuti analowa ntchitoyo akudziwa kuti ndi yoopsa. Lamulo latsopanolo linati wovulala alandire ndalama zoikika popanda kufunsa kuti wolakwa ndani, ndipo popeza ngozi iliyonse tsopano inkadya m'thumba la bwana, mabwana anayamba okha kutchinga makina awo.

Nanga malamulo amenewa ankalemba ndani? Yankho lili mu msewu wa State ku Madison, umene kumapeto kwake kwina kuli nyumba ya malamulo, kwinako yunivesite, mtunda woyenda pansi. Mkulu wa yunivesiteyo kuyambira 1903, Charles Van Hise, anaphunzira limodzi ndi La Follette, ndipo ankaphunzitsa kuti phindu la yunivesite liyenera kufika pakhomo lililonse m'chigawomo. Katswiri wa zachuma John R. Commons ndi ophunzira ake ankapita m'mafakitale, kusonkhanitsa ziwerengero ndi kulemba mabilu. Munthu amene ine ndimamuona kuti amaiwalidwa mopanda chilungamo ndi Charles McCarthy, yemwe mu 1901 anayamba kalaibulale ka aphungu. Kale mlimi akasankhidwa kukhala phungu, sankadziwa kulemba bilu, ndipo amene ankamuthandiza mwaulere anali loya wa kampani ya njanji, yemwe ankasiya dala timipata totulukira. McCarthy anasonkhanitsa malamulo a m'mayiko ena, kuphatikizapo a ku Germany kumene inshuwalansi ya apantchito inayamba kale, n'kuika akatswiri olemba mabilu a phungu aliyense, wa chipani chilichonse. Bilu yolembedwa mosamala choncho inkapirira ikafika kukhothi, pamene malamulo ofanana nawo m'zigawo zina ankagwetsedwa ndi oweruza. Mgwirizano umenewu ndi umene unatchedwa Wisconsin Idea, dzina limenenso McCarthy analipatsa buku lake la mu 1912.

Panalinso anthu a chipani cha Socialist ku Milwaukee, ambiri mwa iwo ochokera ku Germany, amene mu 1910 anapambana umeya ndi Emil Seidel n'kutumizanso Victor Berger ku nyumba ya malamulo ya ku Washington. Anzawo a m'mizinda ina ankawaseka kuti amangonyadira mapaipi a zonyansa m'malo mogwetsa ukapitalisti, koma mavoti awo anathandiza kuti mabilu a 1911 adutse, ndipo Daniel Hoan anakhala meya kuyambira 1916 mpaka 1940 chifukwa anthu ankaona madzi abwino ndi mabuku a ndalama oongoka.

Mbewu ya Commons inabala patapita nthawi. Mu 1932, mwana wa La Follette, Philip, ali bwanamkubwa, Wisconsin inakhala chigawo choyamba kukhazikitsa malipiro a anthu amene ntchito yawathera, ndipo cheke choyamba, cha madola 15, chinatuluka mu 1936. Edwin Witte ndi Arthur Altmeyer, onse ophunzira a Commons, ndi amene anapita ku Washington kukagwira ntchito yokonza ndi kuyendetsa lamulo la dziko lonse la penshoni ya okalamba, lotchedwa Social Security, la mu 1935.

Ophunzira anu musawabisire mbali zonyansa, aphunzitsi. Amuna omwewa a ku Wisconsin anakana pa riferendamu ya 1912 kuti amayi azivota, makampani ofulula mowa atachita kampeni poopa kuti amayi adzavotera zoletsa mowa, ngakhale kuti mkazi wa La Follette, Belle Case, mayi woyamba kumaliza maphunziro a zamalamulo pa yunivesite ija, anayenda m'chigawo chonse kupempha mavoti. Zoona, mu 1919 chigawochi chinathamanga kukhala choyamba kupereka chivomerezo chake cha kusintha kwa malamulo a dziko lonse kopatsa amayi voti. Choipa kwambiri n'chakuti mu 1913 nyumba yomweyo inaloleza kutseketsa anthu olumala m'maganizo osungidwa m'nyumba za boma kuti asabereke, ndipo Van Hise anali mmodzi mwa ochirikiza maganizo amenewo. Kudalira akatswiri kumene kunatchinga makina a m'fakitale n'komwenso kunapatsa akatswiriwo chilolezo choweruza kuti woyenera kubereka ndani.

Zida zimene anasulazo sizinasankhe wozigwira. Mu 1946 Robert La Follette wamng'ono, amene analowa m'malo mwa bambo ake ku Senate atamwalira mu 1925, anagonja pa chisankho chachipulula, chomwe chija bambo ake anachimenyera, ndi mavoti pafupifupi 5,000 okha, ndipo womugonjetsayo anali Joseph McCarthy (si wachibale wa wa laibulale uja), amene anadzatchuka ndi kunamizira anthu kuti ndi achikomyunizimu. Mu 1959 chigawochi chinatsogolanso polola ogwira ntchito m'makhonsolo kukambirana za malipiro kudzera m'mabungwe awo, koma mu 2011 bwanamkubwa Scott Walker anachotsa mbali yaikulu ya ufulu umenewo. Otsutsana naye anatembenukira ku lamulo la mu 1926 lolola ovota kuchotsa mtsogoleri nthawi yake isanakwane, lofanana ndi gawo 64 lija limene aphungu a ku Malawi analichotsa m'malamulo oyendetsera dziko mu 1995. Anasonkhanitsa masiginecha okwanira, chisankho chinachitika mu June 2012, ndipo Walker anapambananso.