Wamwa mankhwala a kumunda: tilembe X68 kapena X48?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa achemwali ena amene ndi kalaliki wosunga mafayilo pachipatala china m'boma la Ntcheu. Funso lawo mwachidule ndi ili. Kunabwera mnyamata atamwa mankhwala opopera tomato, anapulumuka, ndipo dokotala analemba m'fayilo kuti anamwa mwadala. Tsiku lotuluka, amalume ake anabwera ku ofesi ya mafayilo kudzapempha kuti zilembedwe ngati ngozi, poopa manyazi kumudzi komanso apolisi. Achemwaliwo akufunsa khodi yoyenera, ndiponso ngati kuli kulakwa kuwamvera chisoni amalumewo.

Zikomo achemwali polemba. Ndiyambe ndi makhodi, za amalume tizifikira.

Buku la makhodi a matenda la ICD-10, limene bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO linavomereza mu 1990, silikhutira ndi khodi imodzi pa nkhani ya poizoni. Limafuna ziwiri. Yoyamba imanena chimene chalowa m'thupi, ndipo imayamba ndi T. Yachiwiri imanena mmene chalowera, ndipo imayamba ndi X kapena Y. Akalaliki ambiri amalemba yoyambayo n'kutseka fayilo, osadziwa kuti asiya theka la nkhani.

Mankhwala ophera tizilombo onse ali pansi pa T60. T60.0 ndi ya gulu la organophosphate ndi carbamate, limene limabweretsa anthu ambiri kuchipatala kuno kwathu. T60.3 ndi ya mankhwala opha udzu ndi oteteza mbewu ku chiwawu, T60.4 ndi ya mankhwala a makoswe, ndipo T60.9 ndi ya pamene sizikudziwika kuti anali mankhwala ati. Mwa zonsezi pali msampha umodzi umene ndimafuna muudziwe. Achibale akanena kuti “wamwa mankhwala a makoswe”, dzanja limathamangira ku T60.4. Komatu tameki amene anthu amagula pamsika n'kumaphera makoswe ndi aldicarb, ndipo aldicarb ndi carbamate. Khodi imatsata chimene mankhwalawo ali, osati ntchito imene wogulitsa anawapatsa. Mukaona m'fayilo kuti wodwala anali kutuluka dovu ndi thukuta lambiri, timwanadiso titachepa kwambiri, ndipo anamubaya atropine, mankhwala olimbana ndi poizoni wa gulu limeneli, pitani mukafunse dokotala ngati si T60.0. Kufunsa, osati kusankha nokha.

Tsopano khodi yachiwiri, pamene pagona funso lanu. Pa mankhwala omwewa a kumunda, X48 ndi ngozi, monga mwana amene wamwa za m'botolo la Fanta losungidwa kuseri kwa chitseko, kapena bambo wopopera kabichi ku Tsangano wopanda chotchinga kumphuno. X68 ndi pamene munthu wamwa yekha mwadala. X87 ndi pamene wina wamuthirira. Y18 ndi pamene dokotala, atafufuza, walephera kusiyanitsa zitatuzi. Akanakhala mapiritsi a panado omwa mwadala, makhodi awiriwo akanakhala T39.1 ndi X60.

Choncho mnyamata wanuyo, ngati botolo linali la gulu la organophosphate, ndi T60.0 ndi X68.

Chenjezo laling'ono: mukafufuza pa intaneti mupeza makhodi ataliatali ngati T60.0X2A. Amenewo ndi a ICD-10-CM, mtundu umene dziko la America linayamba kugwiritsa ntchito pa 1 Okutobala 2015. Iwo anaphatikiza zonse mu khodi imodzi: nambala ya pamalo achisanu ndi chimodzi (pamene pali 2 mu T60.0X2A) ikakhala 1 ndi ngozi, 2 ndi mwadala, 3 ndi chiwembu, 4 ndi zosadziwika, ndipo chilembo chomaliza chimanena ngati wodwala akulandira thandizo loyamba kapena wabweranso. Musasakanize mitundu iwiriyi m'kaundula mmodzi. Kulinso ICD-11, imene inayamba kugwira ntchito pa 1 Januwale 2022, koma inu tsatirani buku limene akupatsani pantchito mpaka atakuuzani kuti asintha.

Tibwerere kwa amalume aja. Mantha awo si opanda pake. Kwa zaka zambiri gawo 229 la malamulo a milandu m'dziko muno lakhala likutchula kuyesa kudzipha ngati mlandu, ndipo kumudzi mawu amayenda msanga kuposa minibasi ya ku Lizulu. Mnyamata amene wadziwika ndi mbiri imeneyi amavutika ngakhale kufunsira mbeta. Ine sindingawaweruze.

Koma kalaliki salemba maganizo ake, ndipo salemba zofuna za abale. Amasandutsa mawu a dokotala kukhala khodi, basi. Ngati dokotala walemba kuti anamwa mwadala, inu mulibe mphamvu yosintha. Ngati amalume akuti dokotala analakwitsa, aperekezeni kwa dokotalayo akakambirane, ndipo iye akasintha ndi dzanja lake n'kusaina, inunso musintha. Chimodzimodzi pamene fayilo yangolembedwa kuti poizoni osanena cholinga: musalembe X68 chifukwa mwamva kwa mlonda kuti mnyamatayo anayambana ndi mkazi wake. Bwezani fayilo kwa amene anaona wodwala.

Ine ndinaphunzira zimenezi movutika. Ndili wamng'ono pantchito, pachipatala china cha kuno ku Dedza, ndinamvera chisoni mayi wina amene anandigwadira kuti mwana wake wamkazi alembedwe ngati wachita ngozi. Ndinalemba mmene anafunira. Patapita miyezi ingapo mtsikanayo anabweranso ndi vuto lomwelo, ndipo amene anamulandira anaona mbiri ya ngozi, osadziwa kuti aka n'kachiwiri. Anapulumuka, Mulungu ngwabwino, koma ulendo woyamba uja sanaonane ndi namwino wa matenda a maganizo chifukwa pepala silinanene kuti akufunika kutero. Munthu amene anayesapo kudzipha ndiye ali pachiopsezo chachikulu choyesanso, ndipo chimene ndinachitcha chifundo chinamubisa kwa anthu amene akanamuthandiza.

Palinso mbali ya ziwerengero, imene akalaliki timaiwala chifukwa timaona fayilo imodziimodzi. Zimene mumalemba zimasonkhanitsidwa n'kukwera mpaka ku Unduna wa Zaumoyo. Bungwe la WHO limati pafupifupi munthu mmodzi mwa asanu alionse odzipha padziko lonse amagwiritsa ntchito mankhwala ophera tizilombo. Dziko la Sri Lanka litaletsa mankhwala oopsa kwambiri kuyambira zaka za m'ma 1990, imfa zodzipha zinatsika kwambiri, ulimi osagwa. Anatha kutero chifukwa mabuku a zipatala anaonetsa mankhwala amene ankapha anthu. Kuno, m'maboma awiri a Ntcheu ndi Dedza amene munda uliwonse wa kachewere ndi tomato uli ndi botolo lake, tikamasandutsa X68 kukhala X48, a bungwe loyang'anira mankhwala ophera tizilombo la Pesticides Control Board ndi a unduna adzaganiza kuti vuto ndi alimi osadziwa kupopera, n'kutitumizira maphunziro a kavalidwe ka magolovesi m'malo mwa alangizi.

Chimene mungawapatse amalume ndi chinsinsi, ndipo chimenechi chili m'manja mwanu. Afotokozereni kuti fayilo si ya mfumu kapena ya oyandikana nawo nyumba, ndiponso kuti lipoti la mwezi limapita ndi manambala opanda mayina. Inunso musakambe nkhaniyi pokadya nkhomaliro. Ndipo asanachoke, afunseni ngati mnyamatayo wapatsidwa tsiku loonana ndi namwino wa matenda a maganizo pachipatala cha boma, komanso ngati mabotolo otsala kunyumba atsekeredwa kapena apititsidwa kwa wachibale wina. Ngati tsikulo sanapatsidwe, nyamulani fayilo, muwaperekeze nokha ku wodi.