Kwa mayi amene afunsa za mwana yemwe akumwa ma ARV

Mayi, mwati mukulera mwana wa malemu mchemwali wanu, wazaka 9, ndipo wayamba kufunsa kuti mankhwala amamwawa ndi a chiyani komanso adzasiya liti, chonsecho inu mwakhala mukumuuza kuti ndi a chifuwa.

Zachifuwazo zisiyeni. Mwana wazaka 9 amawerenga, tsiku lina adzatenga botolo n'kukaonetsa mnzake wa Sitandade 7, apo ayi adzazimvera kwa wachibale amene wapsa mtima chifukwa cha mbale zosatsuka. Chimene chimawawa kwambiri ndi kuzindikira kuti nyumba yonse imadziwa kupatula iyeyo. Ana ena akatero amayamba kubisa mapiritsi pansi pa mphasa, inu n'kumadabwa kuti viral load (kuchuluka kwa kachilombo m'magazi) yakwera bwanji.

Koma sikuti mumukhuthulire zonse usiku umodzi ayi. Malangizo a 2011 a WHO, bungwe loona za umoyo padziko lonse, amati mwana wamsinkhu wa sukulu auzidwe, ndipo kuchipatala amazichita pang'onopang'ono. Yambani ndi asilikali a m'thupi: “M'magazi mwako muli kachilombo kamene kamafooketsa asilikali. Mankhwalawa amakagoneka tulo, ukasiya kumwa kamadzuka.” Dzina loti HIV mudzalitchula akayamba kumvetsa, makamaka pamodzi ndi namwino wa ku ART amene anazolowerana naye.

Konzekerani mafunso awiri, chifukwa abwera ndithu. “Ndinakatenga kuti?” Muuzeni kuti kachilomboka kamatha kuchoka kwa mayi kupita kwa mwana pa nthawi ya pakati, pobereka kapena poyamwitsa, ndipo amayi ake sanachitire dala. Musanyozepo bambo ake, kaya munali nawo chifukwa chotani. “Kodi inenso ndifa ngati amayi?” Apa musagwetse nkhope. Anzake amene amamwa mankhwala tsiku lililonse akukula, akulemba MSCE, ena ali pabanja ndipo abereka ana opanda kachilombo. Atsimikizireninso ana anu kuti kudyera mbale imodzi kapena kufunda bulangete limodzi sikupatsirana, kuti pasakhale womusala.

Mwanayu akafika zaka 10 funsani za Teen Club, kalabu ya achinyamata amene ali ndi HIV, imene a bungwe la zaumoyo wa ana la Baylor anayambitsa ku Lilongwe ndipo tsopano ikupezeka m'zipatala zambiri. Amakumana Loweruka, koma amalandira ana okhawo amene anauzidwa kale. Mukadzamuuza, sankhani tsiku loti sakudwala, sakulemba mayeso, ndipo inu muli pakhomo tsiku lonse. Mugwirizanenso za anthu amene angawafotokozere nkhaniyi, kuti asakaiyambe pa bwalo la mpira.