Sari yonyowa ndi mvula: yankho kwa mayi wina

Mayi wina wandilembera kuti ankalola mwana wake wamkazi kuonera mafilimu a ku India poona kuti akazi a kumeneko amavala mwaulemu, koma tsiku lina anasowa poyang'ana pamene nyimbo ya chikondi inayamba, mvula n'kugwa, sari n'kumatirira pathupi la mtsikana. Akufunsa ngati chovalachi chilidi cha ulemu.

Mayi, funso lanu landibwezera kwa amalume, kumene ana tinkakhala pamkeka Loweruka madzulo kuonera matepi obwereka. Tsiku lina inali Mohra, filimu ya 1994, ndipo Raveena Tandon atayamba kuvina mumvula atavala sari yachikasu, amalume anatsokomola kawiri, kenako ananditumiza kuti ndikaone ngati nkhuku zalowa, chikhalirecho khola ndinali nditatseka ndekha dzuwa likulowa. Ndinaima kuseri kwa nyumba mumdima, ng'oma za nyimboyo zikumveka pazenera, ndili ndi manyazi amene sindinkadziwa gwero lake. Kwa zaka zambiri ndinkaganiza kuti cholakwika chinali nsaluyo.

Lero sindiganizanso choncho. Sari ndi nsalu yosasoka, yotalika mamita oposa 5, imene amayi a ku India amavala popita kukachisi, kumaliro, kumsika ndi kuofesi. Indira Gandhi, amene anali nduna yaikulu ya India, ankatsogolera dziko lonse ali mu sari. Mimba yoonekera pakati pa bulauzi ndi nsalu, imene kwa ife ovala chitenje imatidzidzimutsa, kwa iwo si chinthu chachilendo.

Nanga mvulayo ikuchokera kuti?

Pansi pa lamulo la mafilimu la 1952, bungwe la boma la India lounika mafilimu linkaumitsa dzanja pa kupsompsonana kwa zaka zambiri, ngakhale kuti Devika Rani ndi Himanshu Rai anali atapsompsonana kale mufilimu ya Karma mu 1933. Opanga mafilimu anapeza njira yolambalala: maluwa awiri ogundana, mphepo, mathithi, ndiponso mvula. Mkazi amakhala wovala kuyambira paphewa mpaka kuakakolo, choncho wounika alibe chodula, koma madzi amaulula zonse zimene nsalu inabisa. Wopanga mafilimu Raj Kapoor anafika nazo patali mu 1985, poimika mtsikana wa zisudzo Mandakini pansi pa mathithi atavala nsalu yoyera yopyapyala.

Sindikana kuti muli luso. Mayi wa zisudzo Sridevi mufilimu ya Mr. India, mu 1987, atavala sari yabuluu, anaonetsa chikondi cha mkazi wamkulu ndi maso ndi mapewa okha, ndipo ndimamulemekeza. Chimene chimandipweteka ndi chakuti katundu yense amasenza mkazi. Taonani nyimbo zimene wopanga mafilimu Yash Chopra ankajambula m'mapiri ozizira a ku Switzerland: mwamuna ali mujuzi yokhuthala, mkazi ali mukansalu kopepuka koulutsidwa ndi mphepo. Amene anasankha kuti wozizidwa ndi wonyowa akhale mkaziyo ndi mwini kamera, ndipo chovala cha agogo a mkaziyo chimangogwiritsidwa ntchito ngati chishango kuti banja lonse lionere popanda wodandaula.

Mwana wanu musamutume kukhola monga ananditumira ine. Yang'anani chizindikiro cha filimu musanaiyatse: U ndi ya aliyense, UA imafuna kholo pambali, A ndi ya akuluakulu okha. Mvula ikayamba kugwa, khalani naye pomwepo ndipo mumufunse chifukwa chake mnyamatayo sanavule juzi.