Funsani a Malume: bando ikutha msanga, ndiye malonda akundilondola paliponse

A Malume, ine ndili chaka chachiwiri pa koleji ina kuno ku Chipata, kafoni kanga nkakang'ono RAM 2GB basi. Ndikangotsegula browser kusaka manotsi kamatentha nkuima, bando ya wiki Lachitatu yatha kale. Chinanso dzana ndinasaka mitengo ya laputopu, lero paliponse ndikalowa ndi malonda a malaputopu okhaokha, kodi akundiona ndani? Mnzanga akuti ndiziyatsa incognito.
Wa ku Kapata

Mphwanga, mnzakoyo wakuuza theka chabe. Incognito imangofufuta mbiri mufoni mwako kuti wobwereka foni asaone zomwe umawerenga, koma mawebusaiti akukuonabe, ngakhale woyang'anira wifi ya pasukulu amadziwa malo omwe walowa. Omwe akukulondolawo ndi ma tracker, timapulogalamu tobisika m'mapeji tomwe timalemba zomwe wasaka nkukauza amalonda, ndipo chowawa nchakuti timadya bando yako yomweyo pamodzi ndi mavidiyo a malonda aja ongoyamba okha iwe osawaitana.

Ndiye choyamba yesa browser ya Brave. Inatuluka mu 2016, imatchinga malonda ndi ma tracker ukangoiika, palibe zosinthasintha. Ili ndi tizinthu ta crypto (ndalama za pa intaneti) mkatimo, zimenezo zisiye, iwe unapitira sukulu. Ine pandekha ndimakonda Firefox nditaikamo uBlock Origin, kapulogalamu kotchinga malonda ndi ma tracker, pa Android zimatheka bwinobwino, kungoti pa 2GB usamatsegule ma tabu 20 ngati mashopu a pa Down Shops. Kaya ukufuna kopepuka, Firefox Focus ukangodina kabatani kamodzi zonse zafufutika, koma kowerengera asainimenti yaitali sikokoma kwenikweni.

Anzako ambiri akuuza za Opera Mini. Zoona bando imasunga ndithu, chifukwa peji imayamba yadutsa kumakompyuta a kampani ya Opera kukafinyidwa isanafike kwa iwe. Apo ndiye uone kuti kusunga bando ndi kusunga chinsinsi nzinthu ziwiri. Yowerengera nkhani ndi zampira ili bwino, koma potolo ya sukulu kapena za banki ine sindingalowere kumeneko.

Posaka ika DuckDuckGo, siisunga mbiri ya zomwe wafunsa. Laputopu ija ukaigula ikamo LibreOffice yolembera ndi Zotero yosungira mabuku omwe watchula mu asainimenti, zonse nzaulere, osati zija zokuikira munthu pamsika zobwera ndi mavairasi. Manotsi a PDF uzidawunilodera pa wifi ya pasukulu masana, madzulo nkumawerenga data uli utazimitsa.